Nkhonya ndi Ziphona M'kanema Woyamba

Munthu akamadutsa pa misika ya m'boma la Chiradzulu Loweruka masana, kaya ndi pa Mikolongwe kaya pa Namitambo, sachedwa kumva phokoso la zibakera likuchokera m'kanyumba koonetsera kanema. Mkatimo anyamata amakhala atathithikana pa mabenchi, maso ali tong'o, kuchemerera chiphona chimene chikugwetsa adani ake mmodzimmodzi. Ena masiku ano amaonera nkhonya pa foni ya m'manja atakhala pansi pa mtengo. Ochepa chabe mwa iwo ndiwo amadziwa kuti kanema adakulira m'manja mwa ankhonya ndi anthu amphamvu zodabwitsa, zaka zoposa 130 zapitazo. Mbiri ya masiku oyambawo ili ndi phunziro kwa aliyense wokhulupirira kuti chimene maso aona pa kanema ndicho choona chonse.

Nkhaniyi idayambira ku West Orange, m'dera la New Jersey ku America, kumene Thomas Edison adali ndi nyumba yake yoyeseramo zaluso. Wantchito wake wina, William Kennedy Laurie Dickson, ndiye adatuluka thukuta kwambiri popanga makina awiri. Oyamba adali Kinetograph, ojambula zithunzi zambirimbiri motsatizana pa lamba wa filimu. Achiwiri adali Kinetoscope, bokosi lamatabwa loonetsera zithunzizo. Bokosili silidali ngati kanema wa masiku ano amene anthu amaonera pagulu. Munthu mmodzi yekha ankawerama ndi kusuzumira pa kabowo ka pamwamba, ndipo ankaona tianthu tikuyendayenda kwa masekondi pafupifupi 20, basi filimu yatha.

Makina ojambulawo adali olemera kwambiri kotero kuti sankanyamulika kupita nawo kumene kukuchitika zinthu. Sankajambula mawu, ndiponso ankafuna kuwala kwambiri kwa dzuwa. Choncho m'chaka cha 1893 anthu a Edison adamanga kanyumba kokutidwa ndi mapepala akuda a phula, kamene adakatcha Black Maria. Denga lake linkatseguka, ndipo kanyumba konseko kankazungulira pa njanji kutsata dzuwa. Funso lidali lakuti: kodi n'chiyani chimene chingachitike pamalo ochepa chotere, popanda mawu, m'kanthawi kochepa, komabe n'kukopa munthu kuti alipire ndalama? Yankho lidapezeka m'thupi la munthu. Wovina, wochita masewera a mpinimpini, chiphona ndi wankhonya safuna kulankhula kuti amveke. N'chifukwa chake ngakhale m'zoyeserera za m'chaka cha 1891 mudali kale kafilimu ka amuna awiri ovala magolovesi akuyerekeza kuponyerana zibakera.

Munthu wotchuka woyamba kuima patsogolo pa makinawa adali Eugen Sandow. Iyeyu adabadwa m'chaka cha 1867 ku Königsberg, m'dziko la Prussia, ndipo dzina lake lenileni lidali Friedrich Wilhelm Müller. Mbiri yake idawanda m'chaka cha 1889 pamene adagonjetsa ziphona ziwiri zodziwika pa mpikisano wonyamula zitsulo mumzinda wa London. M'chaka cha 1893 adakaonetsa mphamvu zake ku Chicago, kumene womuyendetsera malonda, Florenz Ziegfeld, adazindikira kuti anthu ankachita chidwi ndi maonekedwe a minofu yake kuposa kulemera kwa zitsulo zimene ankanyamula. Pa 6 Malichi 1894 Sandow adalowa mu Black Maria. Sadanyamule chitsulo chilichonse. Adangoima chifuwa chili pamtunda, kufufumitsa minofu ya m'manja, ya pamimba ndi ya kumsana, akutembenuka pang'onopang'ono. Pamene nyumba yoyamba yoonetsera Kinetoscope idatsegulidwa mumsewu wa Broadway ku New York pa 14 Epulo 1894, filimu ya Sandow idali imodzi mwa mafilimu khumi oyamba.

Apa pali chinthu chofunika kuchizindikira. Oonera sadaone mphamvu za Sandow zikugwira ntchito. Adaona maonekedwe a mphamvu. Pakati pa ziwirizi pali kusiyana, ndipo amalonda a zisudzo ankakudziwa bwino. M'chaka chomwecho cha 1894 ku San Francisco kudalengezedwa kuti Sandow alimbana ndi mkango. Khamu la anthu lidalipira, koma lidapeza mkango womangidwa pakamwa, zikhadabo zake zitakutidwa, ndipo chilombocho sichidafune n'komwe kumenyana. Komabe sikuti Sandow adali wachinyengo pa zonse. Adaphunzitsa anthu ambiri kulimbitsa thupi, adakonza mpikisano waukulu wa amuna a matupi osemedwa bwino ku Royal Albert Hall m'chaka cha 1901, ndipo m'chaka cha 1904 adafika ku South Africa kudzaonetsa luso lake. Adamwalira m'chaka cha 1925, koma mpaka lero wopambana pa mpikisano wa Mr. Olympia amalandira kachifanizo ka Sandow.

Nkhonya ndizo zidabweretsa ndalama zenizeni. Nthawi imeneyo malamulo a madera ambiri a ku America ankaletsa kumenyana nkhonya polimbirana ndalama, ndipo anthu olemekezeka ankaziona ngati masewera a zidakwa ndi otchova njuga. Koma lamulo silidanene kanthu za chithunzi cha nkhonya, poti opanga malamulo sadalotepo za kanema. Abale awiri, Otway ndi Gray Latham, pamodzi ndi mnzawo Enoch Rector, adaona mpata pamenepa. Adakulitsa makina a Edison kuti azitenga filimu yotalika katatu, yokwanira mphindi imodzi. Mu Juni 1894 adabweretsa ankhonya awiri, Mike Leonard ndi Jack Cushing, mu Black Maria. Bwalo lidachepetsedwa kuti likwane m'diso la kamera. Ndime iliyonse inkatha mphindi imodzi yokha, ndipo ankhonyawo ankapumula nthawi yaitali podikira kuti ojambula aike filimu ina. Ndime zisanu ndi imodzizo adaziika m'mabokosi asanu ndi limodzi, kuti wofuna kuona mmene Cushing adagwera alipire masenti khumi pa bokosi lililonse kufikira lomaliza.

Poona kuti anthu akufuna maina akuluakulu, a Latham adaitana James J. Corbett, amene adali katswiri wa dziko lonse wa ankhonya olemera kwambiri chigonjetsereni John L. Sullivan m'chaka cha 1892. Pa 7 Sepitembala 1894 Corbett adakumana ndi Peter Courtney, wankhonya wosadziwika wa ku Trenton. Masewerawa adawatcha chionetsero chabe, osati nkhondo yolimbirana lamba, pofuna kuzemba lamulo. Courtney adagwa m'ndime yachisanu ndi chimodzi, ndendende pamene filimu yomaliza inkafuna mathero osangalatsa. Akuluakulu adati nkhanga zidapangana kusanache. Oonera ambiri ankayesa kuti akuona nkhonya zenizeni, pamene kutalika kwa ndime, kukula kwa bwalo ndi nthawi yogwera zidali zitakonzedwa molingana ndi zofuna za makina ndi thumba la eni ake. Filimuyi idapindulitsa kuposa ina iliyonse ya Kinetoscope.

Kusintha kwakukulu kudadza pa 17 Malichi 1897 ku Carson City, m'dera la Nevada, limene lidali litangovomereza kumene nkhonya mwalamulo. Tsikulo Corbett adateteza lamba wake kwa Bob Fitzsimmons, munthu wobadwira ku England ndi kukulira ku New Zealand, kumene adali wosula zitsulo. Ulendo uno nkhonya zidali zenizeni. Enoch Rector adaimika makamera atatu m'kanyumba pambali pa bwalo, kuti ina ikamatha filimu inzake izipitiriza. Adagwiritsa ntchito filimu yotalika makilomita oposa atatu. M'ndime ya 14 Fitzsimmons adamenya Corbett chibakera cha pamtima, ndipo katswiriyo adalephera kudzuka. Filimuyi idayamba kuonetsedwa pa chinsalu ku New York mu Meyi 1897, ndipo inkatha mphindi pafupifupi 100. Kudali kusanaonekepo filimu yotalika chotere. Amayi, amene mwambo unkawaletsa kufika pa bwalo la nkhonya, adakhamukira ku nyumba za zisudzo kukaona ndi maso awo zimene ankangozimva.

Anthu adayamba kutenga kanema ngati mboni. Otsatira Corbett ankati filimu ikuonetsa kuti Fitzsimmons adamenya mnzake atagwa kale. Otsatira Fitzsimmons ankaonera filimu yomweyo n'kukana kwamtuwagalu. Chithunzi chidali chimodzi, koma aliyense ankaona chimene mtima wake unkafuna. Kudabukanso achinyengo. Siegmund Lubin wa ku Philadelphia, posakhala ndi chilolezo chojambula masewerawo, adalemba ganyu amuna awiri kuti ayerekeze kumenyana motsata zimene nyuzipepala zidalemba, n'kumagulitsa filimu yakeyo motchipa. M'matauni ena oonera atazindikira kuti apusitsidwa adachita chipolowe kufuna kubwezeredwa ndalama zawo.

Chaka chomwecho cha 1897 chili ndi malo ake m'mbiri ya Chiradzulu, pakuti ndicho chaka chimene John Chilembwe adapita ku America pamodzi ndi Joseph Booth. Adaphunzira pa sukulu ya zaubusa ya anthu akuda ku Lynchburg, m'dera la Virginia, ndipo adabwerera m'chaka cha 1900 kudzakhazikitsa Providence Industrial Mission ku Mbombwe. America amene Chilembwe adamuona adali dziko la tsankho loopsa, kumene munthu wakuda sankaloledwa kukhala pamodzi ndi mzungu m'sitima kapena m'sukulu za m'madera a kummwera. Tsankholi lidalinso m'nkhonya. Sullivan adakana kumenyana ndi munthu wakuda aliyense polimbirana lamba, ndipo akatswiri omutsata adachita chimodzimodzi. Lamba wa ankhonya olemera kwambiri ankatengedwa ngati umboni wakuti mzungu ndiye wopambana mitundu yonse.

Amene adagwetsa mpanda umenewu adali Jack Johnson, wobadwa m'chaka cha 1878 ku Galveston, m'dera la Texas, kwa makolo amene kale adali akapolo. Johnson adalondola katswiri Tommy Burns kuchokera ku America mpaka ku England ndi ku Australia, kufikira Burns adavomera atalonjezedwa ndalama zambiri. Adakumana ku Sydney pa 26 Disembala 1908, makamera ali chire. Johnson adamusambitsa chokweza mnzakeyo, ndipo m'ndime ya 14 apolisi adalowerera n'kuimitsa masewerawo. Filimu idathera pomwepo. Azungu ambiri sadagone tulo. Adanyengerera James J. Jeffries, katswiri wakale amene adapuma asanagonjepo, kuti abwerere adzachotse chitonzo.

Awiriwa adakumana ku Reno, m'dera la Nevada, pa 4 Julayi 1910, pamaso pa anthu pafupifupi 20,000. Makampani a kanema adalipira ndalama zankhaninkhani, poyembekeza kuti dziko lonse lidzafuna kuona mzungu akubwezera. Koma zidatembenuka. Johnson adalamulira masewerawo, ndipo m'ndime ya 15 adagwetsa Jeffries, munthu amene adali asanagwepo pa bwalo. Anthu a Jeffries adaimitsa nkhonyazo kuti asawerengeredwe mpaka khumi. Usiku womwewo m'mizinda yambiri ya ku America mudabuka zipolowe, ndipo anthu adaphedwa, ambiri a iwo akuda amene ankakondwerera kupambanako.

Tsopano kanema, amene kwa zaka 16 adali bwenzi la amalonda, adasanduka mdani wa olamulira. Mabungwe a mipingo ndi atsogoleri andale, kuphatikizapo Theodore Roosevelt, pulezidenti wakale wa dzikolo, adalankhula motsutsa kuonetsa filimuyo, ndipo mizinda ndi madera ambiri adailetsa. Ena mwa oletsawo ankadana ndi nkhonya kuyambira kale, ndipo mantha a zipolowe sadali opanda maziko. Komabe mafilimu a azungu okhaokha akumenyana adakhala akuonetsedwa zaka zonsezo popanda lamulo la dziko lonse lowaletsa. Pa 31 Julayi 1912 nyumba ya malamulo ya ku America idakhazikitsa lamulo loletsa kunyamula mafilimu a nkhonya kuchoka m'dera lina kupita m'dera lina, ndipo lamuloli lidakhalapo mpaka m'chaka cha 1940.

Mantha amenewa adawoloka nyanja. Kanema adali atafika kale ku Johannesburg, kumene Kinetoscope idaonetsedwa m'chaka cha 1895. Pamene nkhani ya ku Reno idamveka, dziko la South Africa lidali ndi mwezi umodzi wokha chilumikizireni zigawo zake zinayi pansi pa ulamuliro wa azungu, pa 31 Meyi 1910. Akuluakulu a kumeneko adaletsa filimuyo, poopa zimene zingalowe m'mitima ya anthu akuda zikwizikwi ogwira ntchito m'migodi, pakati pawo pali amuna ochokera ku Nyasaland. Ku London nako, m'chaka cha 1911, masewera a Johnson ndi katswiri wa ku Britain, Billy Wells, adalephereka pamene Winston Churchill, nduna ya za m'dziko pa nthawiyo, adagamula kuti ndi osaloledwa. Otsutsawo sadabise kuti ankaopa zimene filimu yake ikadachita m'maiko olamulidwa ndi Britain. Kuyambira pamenepo wankhonya wakuda sankaloledwa kulimbirana lamba wa Britain, mpaka Dick Turpin adaupata m'chaka cha 1948. Ulamuliro wa atsamunda udatsamira pa mfuti, komanso pa chikhulupiriro chakuti mzungu sagonja. Mphindi zochepa za filimu zikadatha kugwedeza chikhulupirirocho.

Chaka cha 1915 chidatseka nkhani ziwirizi. Chilembwe adaukira boma la atsamunda pa 23 Januwale, ndipo adaphedwa pa 3 Febuluwale. Tchalitchi chake chachikulu cha njerwa ku Mbombwe, chimene chidali chizindikiro chooneka ndi maso cha zimene munthu wakuda angathe, chidagumulidwa ndi boma. Zithunzi zake zokha ndizo zidapulumuka, ndipo nkhope yake idadzaikidwa pa ndalama za dziko la Malawi. Patangopita miyezi iwiri, pa 5 Epulo, Johnson adagonja kwa Jess Willard m'ndime ya 26 ku Havana, m'dziko la Cuba. Azungu a ku America adalakalaka kuona filimu ya tsikuli, koma lamulo limene adadzipangira okha lidawatsekera pakhomo. M'chaka cha 1916 amalonda ena adayesa nzeru zojambulanso filimuyo pa malire a Canada ndi America, makina ena ali tsidya lino ena tsidya lija, koma bwalo la milandu lidakana. Msampha wotchera mnzawo udakola eni ake.

Kanema atayamba kufika kwa anthu a kuno, adafika atasefedwa kale. M'zaka za m'ma 1920 mmishonale wa ku America, Ray Phillips, adayamba kuonetsa mafilimu m'makomboni a migodi ya ku Johannesburg mothandizidwa ndi eni migodi, ndipo ankadula zigawo zimene ankaziona kuti n'zosayenera maso a anthu akuda. Ku migodi ya kopa ya ku Northern Rhodesia, kumene kudalinso anthu ambiri a ku Nyasaland, kudali bungwe lounika mafilimu oonera Aafirika. Pakati pa 1935 ndi 1937 gulu la Bantu Educational Kinema Experiment lidayendayenda ndi galimoto yoonetsera kanema m'maiko angapo, kuphatikizapo Nyasaland, ndipo m'chaka cha 1948 kudakhazikitsidwa Central African Film Unit ku Salisbury. Mafilimu awo adali ophunzitsa ulimi, ukhondo ndi kusunga ndalama. Komabe anthu a m'makomboni ankakonda koposa mafilimu a anyamata oweta ng'ombe a ku America, chifukwa cha zibakera zake, ndipo ngwazi iliyonse ya m'mafilimuwo ankangoitcha Jack. Ngakhale dziko litalandira ufulu, mwambo wosefa udapitirira, pakuti m'chaka cha 1968 Malawi adakhazikitsa lamulo lake lounika mafilimu, mabuku ndi zisudzo.

Madzi akatayika saoleka. Chimene chidaletsedwa m'chaka cha 1910 chidadzaoneka poyera pa 30 Okutobala 1974, pamene Muhammad Ali ndi George Foreman, onse awiri akuda, adalimbirana lamba yemwe uja mumzinda wa Kinshasa, anthu a m'maiko ambiri akuonera pa wailesi yakanema. M'chaka cha 2005 filimu ya Johnson ndi Jeffries idalembedwa m'kaundula wa mafilimu ofunika kusungidwa ngati chuma cha dziko la America. M'chaka cha 2016 Isaac Chilemba, mwana wa ku Blantyre, adamenyana ndi Sergey Kovalev ku Russia polimbirana malamba a dziko lonse, makamera akutumiza chibakera chilichonse kutali ndi kutali.

Mafilimu ambiri a masiku oyamba aja adaola kapena kupsa, poti ankapangidwa ndi mankhwala osachedwa kugwira moto. Mwa ndime zisanu ndi imodzi za Leonard ndi Cushing mudatsala kachidutswa kosakwana mphindi imodzi, ndipo filimu ya ku Carson City nayo idatsala zigawo chabe. Koma zotsalazo n'zokwanira kuphunzitsa wophunzira mbiri mafunso atatu oyenera kufunsa pa chithunzi chilichonse choyenda. Kodi adachijambula ndani, ndipo ankafuna kupindulanji? Kodi zidachitika zokha monga ku Reno, kapena zidakonzedwa monga kugwa kwa Courtney? Nanga ndani adaloledwa kuchiona, ndipo ndani adabisiridwa? Mnyamata wa pa Mikolongwe amene foni yake imalandira timakanema tambirimbiri pa tsiku, tina toona, tina todulidwa pakati, tina topangidwa ndi kompyuta, akufunika mafunso amenewa kuposa mmene adawafunira munthu wosuzumira m'bokosi la Edison. Kuona maso a nkhono n'kudekha.